Nchito ya Wojambula Kanema: Nkhani ya Shemu Joyah wa ku Blantyre ndi Mgiriki Wina

Nkhani iyi inakambidwa pa wailesi m'chigawo cha alimi. Taisindikiza pano kuti amfumu aiwerenge pa bwalo pamodzi ndi anthu ao.



Masiku onse pa nthawi ino timakamba za chimanga, fodya, thonje ndi ng'ombe. Lero tasinthako ndiwo. Ndifuna ndikambe nanu za nchito ina imene zipatso zake ambiri a inu mwazionapo, koma mwini nchitoyo simunamuone. Iyi ndi nchito ya munthu wojambula kanema.

Mwina wina afunsa kuti, "Kodi nkhani ya kanema iri ndi phindu lanji kwa ine mlimi?" Phindu liripo. Masiku ano anthu onyamula makamera akufika m'midzi kawirikawiri. Amafikira kwa amfumu kudzapempha kuti ajambule munda, chitsime, sukulu kapena gule. Zimene ajambulazo zimapita kutali kumene inu simudzafikako, ndipo anthu a kumeneko amaudziwa mudzi wanu monga momwe wojambulayo wauonetsera. Nchifukwa chake nkoyenera kuti mudziwe kuti munthu ameneyu ndani, nchito yake imayenda bwanji, ndipo chimene chimasintha nchiani pamene wogwira kamerayo ndi mwana wa kwathu konkuno.

Kanema amapangidwa bwanji?

Tiyambe ndi funso limene ana amafunsa: kodi anthu a m'kanema amayenda bwanji pa nsalu? Zoona zake nzakuti sayenda ai. Kamera imajambula zithunzi zoima, monga chithunzi cha pa chiphaso, koma imazijambula mofulumira kwambiri, zithunzi 24 pa sekondi imodzi. Chithunzi chiri chonse chimasiyana pang'ono ndi chinzake: apa phazi liri pansi, apa lanyamuka, apa laponda kutsogolo. Zithunzizi zikamaonetsedwa motsatana pa liwiro lomwelo, diso la munthu silingathe kuzilekanitsa, ndipo limaona ngati munthu akuyendadi. Kanema wa ola limodzi ndi theka ali ndi zithunzi zotere 129,600. Mwa anthu oyamba kuonetsa kanema kwa anthu olipira pakhomo munali abale awiri a banja la Lumière, mu mzinda wa Paris, pa 28 December 1895. Kale zithunzi zinkakhala pa lamba wautali amene ankatsukidwa ndi mankhwala m'chipinda cha mdima. Lero zimasungidwa m'kompyuta, ndipo mtengo wa nchitoyi watsika ndithu.

Mutu umodzi susenza denga, ndipo kanema sapangidwa ndi munthu mmodzi. Pali wolemba nkhani. Pali wotsogolera, amene amauza ochita sewero poima ndi polankhula. Pali wojambula mau ndi wolumikiza zithunzi. Koma madzulo ano tiyang'ane anthu awiri.

Woyamba ndi mwini nchito, amene anzake amamutcha pulodyusa. Ameneyu ali ngati mwini munda wa fodya. Ndiye amene amafuna ndalama, kugula zipangizo, kulemba anthu, kuwadyetsa ndi kuwalipira. Kanema akatha, ndiye amene amanka naye ku msika. Akagulitsa bwino phindu nlake, akalephera ngongole njake. Monga mlimi wa fodya, amaononga ndalama chaka chathunthu asanaone khobidi limodzi.

Wachiwiri ndi wogwira kamera. Nchito yake ndi kudziwa kuwala, monga mlimi adziwira mitambo. Amadziwa kuti dzuwa la pa liwombo limadetsa nkhope, ndipo la m'mawa ndi la madzulo limaikongoletsa. Koma nchito yake yaikulu ndi kusankha. Kamera siingathe kuona zonse. Taganizani za mudzi wanu. Kum'mawa kuli nkhokwe zitatu zodzaza, kumadzulo kuli mwana wobvala sanza atakhala pa dothi. Wojambula akaloza kamera kum'mawa, oonera adzati mudziwo ngwolemera. Akailoza kumadzulo, adzati ngwa njala. Zithunzi zonse ziwiri nzoona, koma zanena zinthu zosiyana. Gwirani mau amenewa, pakuti ndiwo mutu wa nkhani yathu.

Kanema woyamba m'midzi yathu

Agogo athu anaona kanema kale ndithu. Kuyambira mu 1935 mpaka 1937, Azungu awiri, Leslie Notcutt amene anali mlimi wa khonje ndi Geoffrey Latham amene anali wa za maphunziro, anapanga makanema 35 ku Tanganyika. Anawanyamula pa lole nkumawaonetsa ku Tanganyika komweko, ku Kenya, ku Uganda, ku Northern Rhodesia ndi kuno ku Nyasaland. Nkhani zake zinali za kukokoloka kwa nthaka, za kusunga ndalama ku positi ofesi, za msonkho ndi za matenda.

Mu 1948 kunakhazikitsidwa bungwe la Central African Film Unit, limene likulu lake linali ku Salisbury, kumene tsopano ndi Harare. Mkulu wake anali Alan Izod, ndipo mmodzi wa ojambula ake oyamba anali Stephen Peet. Bungweli linkapangira makanema maiko atatu: Southern Rhodesia, Northern Rhodesia ndi Nyasaland. Achikulire ena akukumbuka galimoto ya kanema itafika pa bwalo madzulo, anyamata akupachika nsalu yoyera, injini ikulira, anthu akuchokera m'midzi yonse yozungulira. Makanema ambiri oyamba analibe mau. Wotanthauzira ankaima pambali nkumafotokoza nkhaniyo pa chimkuzamau m'chinenero cha anthu a pamalopo.

Nkhani zake zinkakonda kuyenda njira imodzi. Pali alimi awiri. Wina amvera mlangizi, akolola zambiri, agula njinga. Wina amakana, amwa mowa, agona ndi njala. Mmodzi wa makanema oyamba a bungweli dzina lake linali The Two Farmers, ndiko kunena kuti alimi awiri. Malangizo ena a m'makanemawa anali abwino, pakuti nthaka inkakokolokadi. Koma inu mukudziwa za malimidwe a m'zaka za m'ma 1950, pamene munthu ankalipitsidwa kapena kumangidwa chifukwa cha mizere ndi migula ya m'munda mwake. Zimenezo kamera sinazione. Mlimi wokana uja sanapatsidwe mpata wonena chifukwa chake, ndipo pa nsalu ankangooneka ngati chitsiru. Chitaganya chitabwera mu 1953, bungweli linalowa m'manja mwa Boma la Chitaganya, ndipo anthu ambiri analeka kukhulupirira zimene galimoto ya kanema inkaonetsa. Bungweli linatha pamodzi ndi Chitaganya mu 1963.

M'tauni zinthu zinali zina. Ku Blantyre kunali nyumba ya kanema ya Apollo, ku Limbe kunali ya Rainbow. Anthu ankafola pakhomo kukaona makanema a ku America, a ku India ndi a nkhonya a ku Hong Kong. Ankasangalala, koma nkhani zake zinali za eni ake. Nyumbazi zinaleka kuonetsa kanema, ndipo wailesi yakanema ya dziko lathu inayamba mochedwa, mu 1999. Motero kwa zaka zambiri Mmalawi ankaona pa nsalu nkhope za alendo, kapena nkhope yake monga momwe mlendo waionera.

Kodi dziko laling'ono lingathe kudzijambula lokha? Tisanafike kwa munthu wathu wa ku Blantyre, tione kaye chitsanzo cha dziko lina laling'ono.

Mgiriki amene sanagonje

Agiriki si alendo kwenikweni kuno. Ku Blantyre kuli tchalitchi chao, ndipo anthu a ku Mangochi amakumbuka banja la Yiannakis limene linayamba usodzi wa makoka akuluakulu ku Fort Johnston m'zaka za m'ma 1930. Dziko lao la Greece liri kum'mwera kwa Ulaya. Kukula kwake sikusiyana kwambiri ndi Malawi, ndipo anthu ake, okwana ngati 10 miliyoni, ndi ochepa kuposa ife amene pa kalembera wa 2018 tinapezeka 17.5 miliyoni. Chinenero chao chimalankhulidwa ndi anthu ochepa kunja kwa dziko lao. Kale ambiri a iwo anali alimi ndi asodzi osauka.

M'dziko limeneli munabadwa Filopimin Finos mu 1908. Bambo ake anali dokotala amene analinso ndi nyumba zoonetsera kanema. Mwanayo anaphunzira za malamulo ku Athens, koma mtima wake unali pa makina. Ankamasula ndi kukonza yekha makina ojambulira ndi oonetsera, mpaka anzake anamupatsa dzina lomuseka lochokera ku kachitsulo komasulira masikulu kamene sikankachoka m'manja mwake. Mu 1940 anatulutsa kanema wake woyamba. Chaka chomwecho dziko la Italy linaputa Greece, ndipo Finos anatenga kamera nkupita kumapiri a ku malire a Albania kukajambula nkhondoyo. Mu 1941 Ajeremani analanda dzikolo, ndipo anaononga malo ake a nchito.

Munthu wina akadalekera pomwepo. Iye anayambanso. Mu 1943, nkhondo iri mkati ndipo anthu ali pa umphawi woopsa, anakhazikitsa kampani ya Finos Film natulutsa kanema amene dzina lake m'chinenero chathu tingati Mau a Mtima. Anthu anakhamukira kukamuona, chifukwa anamva chinenero chao naona misewu yao. Mu 1944 Ajeremani anamanga Finos pamodzi ndi bambo ake. Iye anatuluka patapita miyezi ingapo, koma bambo ake anaphedwa.

Nkhondo itatha anapitiriza nchito, ndipo pofika 1977 kampani yake inali itapanga makanema oposa 180, oseketsa, a chikondi, a nyimbo ndi a chisoni, onse m'Chigiriki. Mmodzi mwa amenewa, wa mu 1965, dzina lake tingati Nthaka Inafiira. Amanena za alimi a m'chigwa cha Thessaly amene ankalima minda ya eni malo olemera nkumapereka gawo la zokolola zao, mpaka anaukira. Inu a ku Thyolo, ku Mulanje ndi ku Chiradzulu, amene makolo anu anagwira thangata mpaka linathetsedwa mu 1962, nkhani imeneyo mungaimve popanda wotanthauzira. Kanemayu analowa m'gulu la makanema asanu akunja opikisana pa mphotho yaikulu ya ku America yotchedwa Oscar.

Mathero a Finos sanali okoma. Wailesi yakanema inafika ku Greece mu 1966, ndipo m'zaka za m'ma 1970 anthu anayamba kukhala m'nyumba zao madzulo. Iye anakana kusiya kanema wa pa nsalu, ndipo anamwalira mu January 1977 ali ndi ngongole. Koma makanema ake akuonetsedwabe m'dzikomo mpaka lero, ndipo zidzukulu zimaona m'menemo momwe agogo ao ankabvalira, kulankhulira ndi kukhalira.

Woyeza malo wa ku Blantyre

Tsopano tibwerere kwathu. Munthu amene nchito yake yafanana ndi ya Mgiriki uja ndi Charles Shemu Joyah wa ku Blantyre. Anabadwira ku Zimbabwe kwa makolo a ku Malawi, monga ana ambiri a anthu athu amene anapita ku Harare kukafuna nchito. Anaphunzira ku University of Malawi, ndipo kenaka ku Newcastle ku England anaphunzira nchito yoyeza malo. Inu mafumu mumawadziwa anthu a nchito imeneyi. Ndi aja amafika ndi makina a miyendo itatu, nkumasuzumira pa galasi, mnzao atagwira ndodo ya manambala patali, poika malire a malo. Kamera nayo imaima pa miyendo itatu, ndipo nayo imafuna munthu wa diso lodekha.

Monga Finos anaphunzira malamulo, Joyah naye sanapite ku sukulu ya kanema. Anali wolemba nthano, ndipo nchito ya kanema anaiphunzira yekha. Anakhazikitsa kampani yake yotchedwa FirstDawn Arts, ndipo poyamba anathiramo ndalama za m'thumba mwake zochokera ku nchito yoyeza malo. M'makanema ake iye ndiye wolemba, ndiyenso wotsogolera, ndiyenso mwini nchito. Kuno kwathu munthu wa kanema amasenza yekha mitolo imene kwina amagawana anthu atatu kapena anai.

Kanema wake woyamba, wa mu 2008, dzina lake ndi Seasons of a Life, ndiko kunena kuti nyengo za moyo. Nkhani yake ndi ya mtsikana wamasiye amene akugwira nchito m'nyumba ya banja lochita bwino. Bambo wa m'nyumbamo amupatsa pathupi. Mwana atabadwa, atengedwa ndi banja lomwelo nkuleredwa ngati wao. Mtsikanayo apita kukaphunzira, ndipo patapita zaka abwera kudzafuna mwana wake ku bwalo la milandu. Kodi mwana ngwa yani, wobala kapena wolera? Mafumu ambiri aweruzapo mlandu wotere pansi pa mtengo. Ndiponso ndi midzi ingati imene inatumizapo atsikana ku Blantyre ndi ku Limbe kukagwira nchito za m'nyumba, nabwerako ndi mimba popanda wonena kanthu? Kanemayu analandira mphotho ku Zanzibar mu 2009, ndipo mu 2010 Tapiwa Gwaza, mmodzi wa ochita seweroli, analandira mphotho ku Nigeria pa mpikisano wa makanema a mu Africa monse.

Wachiwiri, wa mu 2012, ndi The Last Fishing Boat, ndiko kunena kuti bwato lotsiriza la usodzi. Anajambulidwa ku Mangochi. Amanena za msodzi wotchedwa Yusufu amene kale anali wochita bwino, koma tsopano nsomba zachepa m'nyanja ndipo mabwato ake akutha. Mwana wake wamwamuna wasiya ukonde, akuperekeza alendo odzaona nyanja. Mkazi wake wamng'ono, amene seweroli anachita ndi Flora Suya, wakopa maso a Mzungu wina wodzacheza. Alendo ambiri ajambulapo nyanja yathu, madzi ake oyera ndi dzuwa likulowa. Joyah anatembenuza kamera nailoza ku mudzi wa kuseri kwa hotela, kwa anthu amene nyanjayo ndiyo munda wao. Nyimbo za m'kanemayu, zimene anakonza Agorosso, zinalandira mphotho pa mpikisano womwe uja wa mu Africa mu 2013.

Wachitatu, wa mu 2017, ndi The Road to Sunrise, msewu wonka kotulukira dzuwa. Ameneyu ndi wa mu Blantyre mwenimweni. Amanena za amai awiri oyendayenda, Rubia ndi Watipa, amene akukhala m'makomboni a mumzindawu. Tsiku lina munthu wolemera afuna kugwirira Rubia, ndipo podziteteza Rubia amubaya. Amangidwa pa mlandu wakupha. Funso liri apa nlakuti: kodi mkazi amene anthu amamunyoza ali ndi ufulu wokana, ndipo kodi bwalo lidzamumvera? Inu amene ana anu akukhala ku Ndirande, ku Bangwe kapena ku Mbayani, ndipo amangotumiza uthenga wakuti ali bwino, kanemayu amakuonetsani mbali ya tauni imene uthengawo sunena. Mu 2018 kanemayu anasankhidwa ku Lagos kukhala wopambana mwa makanema a kum'mwera kwa Africa. Chaka chomwecho anatumizidwa ku mpikisano wa Oscar. Sanafike m'gulu lotsiriza, koma aka kanali koyamba kuti Malawi atumizeko kanema.

Taonani kusiyana kwake ndi makanema a pa galimoto aja. Kumeneko munthu anali wanzeru kapena chitsiru, ndipo wojambula anali atagamula kale. Kwa Joyah wanchito wa m'nyumba, msodzi ndi mai woyendayenda amapatsidwa mpata wolankhula, ndipo chigamulo chimatsala ndi inu oonera. Umo ndi momwe mfumu yabwino imachitira pa bwalo: imamva mbali zonse.

Joyah sali yekha. Mu 2016 Joyce Mhango Chavula anapambana mphotho yonga yomweyo ku Lagos ndi kanema wake wotchedwa Lilongwe, ndipo achinyamata ambiri alowa nchitoyi.

Bvuto la msika

Komabe pali kusiyana kwakukulu pakati pa Mgiriki uja ndi munthu wathu. Finos anapanga makanema oposa 180. Joyah, pakati pa 2008 ndi 2017, anapanga makanema aatali atatu. Kodi nchifukwa cha ulesi? Ai. Nchifukwa cha msika.

M'masiku a Finos ku Greece kunali nyumba za kanema m'mizinda ndi m'matauni ang'onoang'ono. Munthu aliyense wolowa ankalipira pakhomo, ndipo gawo la ndalamazo linkabwerera kwa wopanga kanema kuti apange wina. Zaka zina za m'ma 1960 dziko laling'onolo linkatulutsa makanema oposa 100 pa chaka. Kuno kwathu malo otere ndi osowa. Kanema akangotuluka, wina amamukopera pa kompyuta nkumabenera anthu m'mafoni pa mtengo wa sopo, ndipo mwini wake salandirapo kanthu. Taganizani mutalima fodya chaka chonse, kufesa, kuokera, kuthyola, kusoka ndi kudinda, kenaka wina nkudzatenga mabelo usiku nkukagulitsa ngati ake. Kodi chaka chamawa mungafesenso nazale? Lamulo loletsa kuba nchito za aluso liripo. Linakonzedwanso mu 2016, ndipo bungwe la COSOMA ndilo limayang'anira. Koma lamulo palokha silingalondere msika uli wonse.

Palinso bvuto la chinenero. Makanema a Joyah ali m'Chingerezi chosakaniza ndi Chichewa, ndipo aonedwa kwambiri m'mizinda ndi pa misonkhano ya kunja kuposa m'midzi. Koma m'tinyumba toonetsera vidiyo ta pa misika, anyamata amaonetsa makanema a ku China, a ku India ndi a ku America atawathira mau a Chichewa, ndipo anthu amadzaza. Wotanthauzira wa pa chimkuzamau uja anabwereranso mwa njira ina. Izi zikutiuza kuti anthu a kumudzi amafuna kanema wa m'chinenero chao, ndipo ali okonzeka kulipira kangachepe. Tsiku limene opanga makanema athu ndi oonera a kumudzi adzakumane, nchitoyi idzaima pa miyendo yake.

Ojambula akafika m'mudzi mwanu

Musaganize kuti izi nza m'tauni mokha. Kanema wotchedwa The Boy Who Harnessed the Wind, amene anatuluka mu 2019 naonedwa m'maiko ambiri, anajambulidwa kwa Wimbe m'boma la Kasungu. Amanena za William Kamkwamba, mwana wa mlimi amene anapanga makina oyendera mphepo opangira magetsi, ndipo mau ambiri a m'kanemayu ndi a Chichewa. Mawa galimoto ya ojambula ingathe kuima pakhomo panu. Ikaima, kumbukirani izi.

1. Alandireni mwaulemu monga alendo, koma funsani maina ao, kumene achokera, ndi amene wawatuma. Ochokera kunja aonetse kalata ya chilolezo ya ku Boma.

2. Funsani kuti nkhani imene akujambula njotani, ndipo idzaonetsedwa kuti. Akafuna kujambula nyumba yakugwa yokha nkusiya sukulu imene munamanga ndi manja anu, afunseni chifukwa chake.

3. Chilolezo cha mfumu sichilowa m'malo mwa chilolezo cha mwini nkhope. Munthu aliyense abvomere yekha. Mwana asajambulidwe popanda kholo lake, ndipo wodwala kapena wofedwa asaumirizidwe.

4. Pa za miyambo khalani tcheru. Gule Wamkulu analemekezedwa ndi bungwe la UNESCO mu 2005, ndipo ambiri amafuna kumujambula. Za pa bwalo nza anthu onse, koma za kudambwe, za kutsimba ndi za kumanda ziri ndi eni ake. Chimene chalowa m'kamera sichibwezeka.

5. Ngati anthu anu agwira nchito, kunyamula katundu, kuphika kapena kuchita nao sewero, panganani malipiro nchito isanayambe, pamaso pa mboni, ndipo zilembedwe. Musalole kujambula pa nthawi yopalira ngati kuchotsa anthu m'minda.

6. Pemphani kuti kanemayo akatha abwere adzamuonetse pa bwalo lanu. Wojambula woona mtima sakana pempho limeneli.

Mau otsiriza ndi a kwa makolo. Lero foni imene iri m'thumba la mwana wanu iri ndi kamera imene Finos akadaisirira. Mwana akamajambula agogo ake akuumba mbiya, kapena akufotokoza momwe mudzi unayambira, musamuthamangitse kuti akungotaya nthawi. Mau amenewo akapanda kusungidwa adzapita nao kumanda. Koma muuzeninso kuti anthu awiri amene takamba lero anayamba aphunzira sukulu, wina malamulo, wina kuyeza malo. Joyah sakadagula zipangizo zake zoyamba popanda nchito imene anali nayo kale. Sukulu itsogole, kamera itsate. Ndipo mukamva kuti kanema wa ku Malawi akuonetsedwa pafupi ndi kwanu, pitani mukamuone, ndipo mulipire pakhomo, pakuti ndalama imeneyo ndiyo mbeu ya kanema wa mawa.

Sabata yamawa pa nthawi yomwe ino tidzabwerera ku nkhani zathu za kumunda.